Mwini ndalama ndiye mwini gule? Ntchito ya a Anant Singh

Mukafunsa munthu amene anaonerapo Sarafina! m'tinyumba ta vidiyo ta ku Ndirande kapena ku Kawale kuti filimu imeneyi ndi ya yani, adzakuyankhani kuti ndi ya Leleti Khumalo. Wodziwako pang'ono adzatchula malemu Mbongeni Ngema, amene analemba sewerolo. Dzina la a Anant Singh simudzalimva, chifukwa limadutsa pa kanema nthawi imene anthu akadali kulimbirana mabenchi. Komatu bambo ameneyu ndiye anasaka ndalama, nasankha anthu, nakagulitsa filimuyo kunja. Ine ndikuona kuti zabwino ndi zofooka za mafilimu awo zimachokera pa mpando umene iwo anakhalapo, ndipo ndi mpando umenewo ndikufuna tiuunike.

Pa ntchito ya mafilimu, munthu wotere amamutcha pulodyusa. Sagwira kamera, sauza osewera poima. Iye amagula chilolezo cha nkhani kwa mwini wake, amalemba ntchito wolemba ndi wotsogolera kujambula, amagogoda m'makomo a mabanki ndi a makampani a kanema, kenaka amakatsatsa malondawo ku misika monga ya ku Cannes. Akakhala woima payekha, wopanda kampani yaikulu ya ku Hollywood kumbuyo kwake, ndalama zambiri amazipeza pogulitsiratu filimu isanajambulidwe. Wogula wa ku America kapena ku Ulaya sanaone chithunzi ndi chimodzi chomwe, choncho funso lake limakhala limodzi basi: muli ndani m'menemo? Funso limeneli muzilikumbukira, awerengi, chifukwa lawatsata a Singh moyo wawo wonse.

Anabadwira ku Durban m'chaka cha 1956, m'banja la amwenye, nthawi imene boma la tsankho linkauza munthu kokhala, kophunzira ndi koonera kanema potengera khungu. Anayamba maphunziro a uinjiniya pa yunivesite ya Durban-Westville, imene inali ya amwenye okha, koma anawasiya nagula kasitolo kobwereketsa mafilimu a 16mm. Kumbukirani kuti ku South Africa wailesi ya kanema inayamba mu 1976, choncho anthu ambiri ankabwereka makina ndi filimu kukaonera kunyumba kapena m'holo. Apa ndi pamene anaphunzirira ntchito. Sanalowe kudzera ku zisudzo kapena ku mabuku. Analowera pa kauntala, pamene munthu amadziwa msanga filimu yobwerekedwa kawirikawiri ndi yochita fumbi pa shelefu. Kampani yawo ya Videovision inamera pamenepo.

Filimu yawo yoyamba yodziwika, Place of Weeping, inatuluka mu 1986, chaka chimene boma la a P. W. Botha linaika dziko lonse pansi pa malamulo a nthawi ya chipwirikiti. Anaijambula ndi mnyamata wachizungu, Darrell Roodt, amene anadzagwira naye ntchito zaka zambiri. Nkhani yake ndi ya wantchito wa pa famu wophedwa ndi bwana wake wachizungu, ndi mayi wina, wosewera wake Gcina Mhlophe, amene akukana kukhala chete. Umphawi wa filimuyi umaonekera, ndipo mwina ndiwo mphamvu yake: palibe wotchuka wa kunja, palibe zokometsera. Ambiri amaitchula kuti ndi filimu yoyamba yodzudzula tsankho poyera imene inapangidwa m'dzikomo ndi eni dziko. Filimu yawo ina, The Stick, yonena za asilikali achizungu ku nkhondo ya m'malire, boma linailetsa. Pamenepa palibe chowachotsera a Singh. Munthu wamalonda wanzeru zake akanangopitiriza kubwereketsa mafilimu a karate n'kumagona tulo.

Tsono tifike pa Sarafina! ya 1992. Seweroli linali litatchuka kale pa nsanja, kuyambira ku Market Theatre mu Johannesburg mu 1987 mpaka ku Broadway, ndipo Leleti Khumalo anali atalisewera ulendo wonsewo. Pofuna kulisandutsa filimu, a Singh anaitana Whoopi Goldberg, amene anali atangolandira Oscar mu 1991, kuti akhale mphunzitsi Mary Masombuka. Anaitananso mlembi wa ku England, William Nicholson, kuti alembe pamodzi ndi Ngema. Popanda dzina la Goldberg n'kutheka kuti filimuyi sikanafika kutali, mwinanso sikanafika ndi kuno komwe. Izi ndikuvomera. Koma onerani bwino. Pamene ana akuvina pa bwalo la sukulu, kapena pamene Miriam Makeba, mayi wa Sarafina wogwira ntchito m'nyumba ya azungu, akukambirana ndi mwana wake, filimu imapuma mpweya wa ku Soweto. Goldberg akalowa m'kalasi, mpweya uja umasintha. Mayiyu ndi katswiri, sindikutsutsa, koma lilime lake likuvutika, ndipo woonera amayamba kuyang'ana Whoopi Goldberg m'malo moyang'ana mphunzitsi wa ku Soweto. Chimene chinaipulumutsa filimuyi ndi chakuti mtima wake anausiya m'manja mwa ana aja. Sanabise ngakhale chithunzi chowawa cha ana akutentha wapolisi wachikuda, Sabela, chimene wamalonda wamantha akanachidula poopa kukhumudwitsa ogula a kunja. Ife kuno chaka chimenecho tinali ndi zathu: kalata ya mabishopu, zipolowe za mu Meyi, kenaka referendamu ya 1993. N'zosadabwitsa kuti nkhani ya ana asukulu olimbana ndi boma inatikhudza chomwecho.

Pa Cry, the Beloved Country ya 1995 ndi pamene ine ndimadandaula kwambiri. Buku la Alan Paton la 1948 limakamba za mbusa wa kumudzi wa Chizulu, Stephen Kumalo, wopita ku Johannesburg kukafuna mwana wake. Linajambulidwapo kale mu 1951, ndipo mbusayo anasewera ndi Canada Lee wa ku America. Nthawi imeneyo tinganene kuti zinthu zinali zovuta. Nanga mu 1995, Mandela ali pa mpando, John Kani ali moyo ndi wamphamvu, chifukwa chiyani mbusa Kumalo anakhalanso wa ku America? Malemu James Earl Jones anali ndi mawu onga bingu, ndipo mawu amenewo ndiwo vuto. Kumalo wa Paton ndi munthu wamng'ono, wamantha, wosochera m'tauni, wowerenga tindalama take. Jones akatsika sitima, munthu umaona ngati tauniyo ndi imene iyenera kumuopa. Pali malo amodzi pamene filimuyi imagwira mtima zedi, pamene Jones akukumana ndi Richard Harris, bambo wa mzungu wophedwa, mbusayo n'kulephera kuyankhula. Koma ponseponse filimuyi yasalala mopitirira, mapiri obiriwira, nyimbo zokoma, chisoni chochapidwa bwino kuti chikalowe m'nyumba za kanema za ku New York. Paja amati mlendo ndi amene amadza ndi kalumo kakuthwa, eti? Nthawi zina kalumoko kamameta ndi nsidze zomwe.

Wina adzati, iwe ukuyankhula chifukwa sunapemphepo ndalama za filimu. Chabwino. Tiyeni tione kumene ndalama za m'dzikomo zinali. Mu 2001 a Singh anatulutsa Mr Bones, ya Leon Schuster, yonena za mwana wachizungu woleredwa ndi mtundu wongopeka, n'kukula kukhala sing'anga woombeza ndi mafupa. Inapanga ndalama kuposa filimu ina iliyonse ya m'dzikomo kufikira nthawi imeneyo, ndipo yachiwiri yake ya 2008 inaiposanso. Ndi nthabwala za kugwa, kuphulika ndi kuchita manyazi, ndipo Afirika wake ndi uja wa zikopa ndi nthungo. Anthu akuda ndi azungu omwe anaseka n'kulipira. Munthu yemweyo amene filimu yake inaletsedwa ndi boma la tsankho ndiye mwini Mr Bones, ndipo sindikuganiza kuti iwo amaona chachilendo pamenepo. Ndi kauntala uja.

Koma mu 2004 panachitika chinthu chimene chimagwetsa maganizo onse akuti popanda wotchuka wa kunja filimu siyenda. Yesterday, yotsogoleredwa ndi Roodt yemwe uja, ili m'Chizulu kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Leleti Khumalo, amene tsopano ndi mayi, akusewera Yesterday, mkazi wa m'mudzi wa ku KwaZulu-Natal wosadziwa kulemba ndi kuwerenga. Akutsokomola. Akuyenda mtunda wautali ndi mwana wake Beauty kupita ku chipatala kumene dokotala amabwera kamodzi pa mlungu, akupeza mzere, akubwezedwa, akubwereranso. Atauzidwa kuti ali ndi kachilombo ka Edzi, akupita ku Johannesburg kukauza mwamuna wake wogwira ntchito m'migodi, mwamunayo n'kumumenya. Pambuyo pake bamboyo akubwera kumudzi ali mafupa okhaokha, anthu akuwasala, ndipo mayiyo akutola malata akale n'kumumangira kachisakasa kunja kwa mudzi kuti akaferemo mwaulemu. Chofuna chake ndi chimodzi: aone tsiku limene Beauty adzayambe sukulu.

Ndaifotokoza motalika chonchi dala, chifukwa nkhani imeneyi sifunika womasulira kwa Mmalawi. Amalume athu anapita ku Joni pa Wenela ndi Theba, ndipo ulendo wa Theba unatha mu 1988 pa mkangano wa kuyeza magazi komweku. Mzere wa pachipatala timaudziwa, kachisakasa ka wodwala wosalidwa timakadziwa. Chimene ndimayamikira ndi kuleza kwa filimuyi. Kamera ikhoza kukhala nthawi yaitali ikungoyang'ana anthu awiri akuyenda m'msewu wa fumbi, ndipo woonera amatopa nawo limodzi, monga m'mene ziyenera kukhalira. Ena amaidzudzula kuti Yesterday ndi mayi wabwino mopitirira, wopirira ngati woyera mtima, ndipo dokotala wachizungu ndi wachifundo mokayikitsa. Pali choonadi pamenepo. Komabe pamene mayiyu akuyankhula chinenero chake, nkhope yake imanena zinthu zimene Goldberg ndi Jones, ndi luso lawo lonse, sakanatha kunena. Ndipo taonani: filimu yopanda Chingerezi, yopanda dzina la ku Hollywood, ndi imene inasankhidwa kukapikisana pa Oscar mu 2005, yoyamba ya ku South Africa kufika pamenepo m'gulu la mafilimu a zinenero zina. Sinapambane, mphotho inapita ku Spain, koma chaka chotsatira Tsotsi, ya anthu ena, inadutsa pa khomo lomwelo n'kuitenga. Ndalama zina za Yesterday zinachokera m'dziko momwemo, ku M-Net, ndipo bungwe la Nelson Mandela Foundation linaikapo dzanja. Wolipira atasintha, chinenero chinasinthanso.

Munthu akanayembekeza kuti phunziro limeneli lafika. Koma ntchito imene a Singh anaisenza nthawi yaitali kuposa zonse, zaka zoposa 15, inabwerera ku njira yakale. Mandela mwini wake ndi amene anawapatsa chilolezo chojambula buku lake la Long Walk to Freedom. Filimuyo itatuluka mu 2013, Mandela anali Idris Elba wa ku London, Winnie anali Naomie Harris wa ku London, wotsogolera anali Justin Chadwick wa ku England, wolemba anali Nicholson yemwe uja wa Sarafina! Eni dziko, monga Tony Kgoroge ndi Terry Pheto, anapatsidwa mbali za m'mphepete. Elba anayesetsa, mawu anawagwira bwino, ndipo Harris ndi amene anaba filimu yonse: Winnie wake umamuona akuuma mtima pang'onopang'ono m'ndende. Koma moyo wa zaka zoposa 70 kuupanikiza m'maola awiri ndi mphindi zingapo kwachititsa kuti filimuyi ithamange ngati basi yochedwa, Sharpeville apa, Rivonia apo, Robben Island uko, osaima paliponse kuti tiutse mtima. Usiku wa pa 5 Disembala 2013, pamene ankaionetsa ku London, Mandela anamwalira, ndipo a Singh ndi amene anakwera pa nsanja kukalengeza filimu itatha. Anthu ambiri amakumbukira usiku umenewo kuposa chithunzi china chilichonse cha m'filimumo.

Tisaganize kuti funso la "muli ndani m'menemo" ndi la anzathu okha. Nkhani ya William Kamkwamba wa ku Wimbe itajambulidwa n'kutuluka mu 2019, bambo ake anasewera ndi Chiwetel Ejiofor, amene analinso mu Red Dust ya a Singh mu 2004. Anachita bwino kujambulira ku Kasungu konko ndi kuyesa Chichewa, koma amene anamva Chichewa chakecho akudziwa chimene ndikunena.

Mbali ina ya ntchito ya a Singh siioneka pa kanema. Ndi mmodzi wa amene anamanga Cape Town Film Studios, malo ojambulira amene anatsegulidwa mu 2010, kumene makampani a kunja amabwera kudzachita lendi. Black Sails, nkhani ya achifwamba a pa nyanja a ku Bahamas, anaijambulira kumeneko, akalipentala a ku Cape Town akukhoma zombo. Ntchito anthu apeza, luso aphunzira, koma nkhani ndi za eni ake. Kumene chinenero cha m'dzikomo chinabwereranso ndi pa wailesi ya kanema. Mu 2018 Videovision, pamodzi ndi Duma Ndlovu ndi Leleti Khumalo, inayamba sewero la tsiku ndi tsiku la Imbewu pa e.tv, lojambulidwa ku Durban, kwawo kwa a Singh, mabanja a Azulu ndi amwenye ali m'nkhani imodzi. Si ntchito yakuya ngati Yesterday, ndi sewero la madzulo la zinsinsi za m'banja ndi kulimbirana chuma. Olipira ake anali otsatsa malonda a m'dzikomo, oonera anali a ku Umlazi ndi ku Chatsworth, ndipo linayenda zaka zisanu popanda wosewera wochokera ku London kapena ku Hollywood kukhala pa mutu wa nkhani.