Lipoti la kuchipatala likufooketsa ovulala pa ngozi zapamsewu pofuna chipukuta misozi

Lamulo la zapamsewu la 1997 limakakamiza mwini galimoto aliyense kukhala ndi inshulansi yolipirira anthu amene galimotoyo ingawavulaze, ndipo limalola wovulala kusumira kampani ya inshulansiyo mwachindunji. Koma kuti munthu alandire chipukuta misozi choyenera, mlandu wake umatsamira kwambiri pa mapepala awiri: lipoti la apolisi ndi lipoti la kuchipatala. Lachiwirili limachokera m'manja mwathu, ndipo kalembedwe kake kakufunika kuunikidwa.

Vuto loyamba ndi kudalira nambala imodzi. Malipoti ambiri amatchula bala m'mawu ochepa, kenako n'kulemba peresenti ya ulumali osafotokoza mmene yapezekera. Bondo louma pa kalaliki wa muofesi silifanana ndi bondo louma pa mlimi kapena wa kabaza wa njinga yakapalasa. Kalaliki angabwerere pantchito, pomwe enawo ataya njira yodyera. Khoti likamawerengera ndalama limaona ululu umene munthu wamva, zinthu zimene sangathenso kuchita, zipsera kapena kupunduka kwa thupi, komanso kuchepa kwa mphamvu zake zopezera ndalama. Peresenti payokha siyankha mafunso amenewa. Lipoti labwino limanena fupa lomwe linathyoka, zomwe X-ray inaonetsa, opaleshoni yomwe inachitika, masiku omwe wodwala anagonekedwa, kutalika kwa mtunda womwe angayende, ndiponso ngati angagwire khasu kapena kusenza ndowa.

Vuto lachiwiri ndi nthawi. Wodwala wosowa ndalama amafuna lipoti msanga, mwina chikhakha asanachotse n'komwe. Pamenepo sizinadziwike ngati fupa lilumikizana bwino, ngati mwendo ufupika, kapena ngati m'fupa mulowa mafinya. Zotsatira za kuvulala m'mutu, monga kuiwalaiwala, kusintha khalidwe ndi khunyu, zimatha kuonekera patapita miyezi. Munthu akasaina kuti walandira malipiro onse, kawirikawiri sangabwererenso kukapempha zina. Kuchedwetsa nakonso n'koopsa, chifukwa mlandu wa kuvulala umayenera kukafika kukhoti pasanathe zaka zitatu. Wodwala ayenera kumva zonse ziwirizi asanatuluke m'chipatala, osati kuzimva kwa madobadoba amene amadzatenga gawo la ndalama zake.

Ena anganene kuti dokotala amene ali ndi mzere wa odwala pakhomo alibe mpata wolemba zambiri, komanso kuti kulemba mwachifundo kumatsegula khomo la kukokomeza. Nkhawa zonsezi n'zomveka. Komabe lipoti lofotokoza zoyezedwa limavuta kulinamiza kusiyana ndi nambala yopanda chifukwa. Limatetezanso wolembayo akaitanidwa kukachitira umboni. Sitilemba lipoti kuti tikomere wodwala kapena kampani. Timalemba zomwe tapeza, ndipo zambiri mwa izo zimayenera kukhala zili kale mufayilo ndi m'kabuku ka kuchipatala.

Pali gulu lina limene ngakhale lipoti labwino silingalithandize mokwanira. Njinga zamoto zambiri za kabaza zimayenda zopanda inshulansi, ndipo wogundidwa nazo amatsala ndi mwayi wosumira woyendetsa amene naye alibe kalikonse. Wogundidwa ndi galimoto yothawa amasowa ndi womusumira yemwe. Amene wavulala ali pantchito ya abwana ake ali ndi njira inanso kudzera m'lamulo la chipukuta misozi cha ogwira ntchito la 2000, koma ambiri salidziwa.

Kafukufuku wathu nayenso ali ndi mbali yake. Kaundula wa ovulala, monga amene anayamba pa chipatala cha Kamuzu Central mu 2008, watithandiza kudziwa amene amavulala, mmene amavulalira ndi amene amamwalira. Koma kaundula wotere amathera pageti la chipatala. Tikufunika kutsatira odwala kumudzi kuti tione angati anabwerera pantchito, angati anapitiriza mafizo, angati anapempha chipukuta misozi, ndipo anadikira nthawi yaitali bwanji. Popanda zimenezi, n'kovuta kuuza opanga malamulo kuti mabanja akugwa mu umphawi chifukwa cha ngozi.

Alangizi a zaumoyo ndi anthu ongodzipereka angathandize pa zinthu zosafuna ndalama. Kumbutsani banja kukanena ngozi kupolisi, kulemba nambala ya galimoto ndi mayina a mboni, ndi kusunga malisiti a mankhwala, thiransipoti ndi ndodo zoyendera, poti ndalama zoonongedwa zimabwezedwa pokhapokha pali umboni. Alimbikitseni kubwerera kuchipatala pa tsiku lomwe anauzidwa kuti zosintha zonse zilembedwe. Amene sangakwanitse kulipira loya atumizeni ku Legal Aid Bureau, ndipo muwachenjeze kuti asasaine pepala limene sanalimvetse.