Momwe Wakufa Amalowera pa Bwalo

Gule wamkulu wa pamaliro ndi sewero la imfa. M'midzi ya m'mapiri a Dedza, kuyambira ku Linthipe, kudutsa kwa Kaphuka mpaka kutsetserekera ku Mua, mwana amakula ataliona kambirimbiri asanapondeko m'holo ya zisudzo. Lili ndi bwalo lake, ng'oma zake, oyimba ake ndi zigoba zake, ndipo nkhani yake ndi imodzi: munthu watisiya, mzimu wake ukadali pafupi ndi nyumba, tsono uyenera kuperekezedwa kwa makolo usanayambe kuvutitsa otsala. Kuti luso limeneli ndi lakale, umboni uli pamiyala ya ku Chongoni, malo 127 amene bungwe la UNESCO linawaika m'kaundula wa chuma cha dziko lonse mu 2006. Paphanga la Namzeze pali zithunzi zoyera za zilombo za nyau zimene Achewa anajambula. Za kudambwe zili ndi eni ake ndipo sizikambidwa pano. Zimene aliyense amaona pabwalo ndi zokwanira kuweruzirapo luso.

Chopweteka mtima n'chakuti masiku ano gule akuyezedwa ndi muyeso wolakwika. Pamsonkhano wa ndale, potsegulira mjigo, pamaso pa alendo onyamula makamera, amapatsidwa mphindi zochepa, ndipo wopambana amakhala amene wautsa fumbi lambiri. Makanja kutalika kwake, wina kuseweretsa moto, wina kugubuduka: zonsezo ndi zokometsera chabe. Azisudzo nawonso asochera njira yomweyo. M'sukulu, m'matchalitchi ndi m'mafilimu a pa kanema nkhani yokondedwa ndi ya malume amene wapha mlamu wake m'matsenga n'kulanda chuma cha ana amasiye. Chakumapeto kumatulukira mzukwa, utafunda nsalu yoyera, kumaso kuli mbuu ndi ufa, manja uli tambasu, mawu akunjenjemera. Umamukanyanga pakhosi malume uja, holo yonse n'kufa ndi phwete. Wakufa wasanduka wanthabwala ngati Chindime, ndipo wolemba seweroyo amapita kwawo akuganiza kuti waphunzitsa anthu kuopa Mulungu.

Alembi a masewero achisoni a ku Athens, Aeschylus, Sophocles ndi Euripides, analimbana ndi vuto lomweli zaka zoposa 2,400 zapitazo, pabwalo la Dionysus m'munsi mwa phiri la Acropolis. Ochita sewero anali amuna okhaokha, ovala zigoba, olankhula osapitirira atatu, kuphatikiza gulu loyimba ndi kuvina la anthu 12, kenako 15. Nkhani zawo zambiri zinali za magazi, komabe kupha kwenikweniko kawirikawiri sankakuonetsa. Mu Agamemnon, sewero loyamba mwa atatu a Oresteia amene Aeschylus anaonetsa m'chaka cha 458 Khristu asanabadwe, mfumu imaphedwa ndi mkazi wake Clytemnestra m'nyumba, chitseko chili chitsekere. Owonera amangomva mfuu kawiri. Panja nkhalamba za mumzinda zimakangana, uyu akuti tithyole chitseko, uyo akuti tiyambe tadziwa zoona zake, ndipo chitseko chikamatseguka zonse zatha kale. Alipo ena amene amafera pamaso pa anthu, monga Alcestis, koma ndi owerengeka. Ambiri imfa yawo imabwera ndi mthenga.

Munthu wa ku Bembeke kapena kwa Kasumbu safunika kumufotokozera chifukwa chake njira imeneyi imagwira mtima. Mudzi sumaona munthu akutsirizika. Umamva mfuu wa amayi kuchokera m'nyumba, m'bandakucha kuzizira kuli tseketseke, ndipo aliyense ali pamphasa yake amayamba kuwerenga odwala a m'mudzimo. Kenako mthenga amapita kwa amfumu, amakhala pansi, amapereka moni, n'kunena mozungulira kuti kwagwa zovuta. Kanthawi kochokera pa mfuu kufika pa dzina la womwalirayo ndiko kolemera kuposa kena kalikonse pamaliro onse. Sophocles ankakadziwa. Mu Antigone, mthenga atafotokoza kuti Haemon wadzipha pambali pa mtembo wa bwenzi lake Antigone, mayi wake Eurydice amatembenuka n'kulowa m'nyumba osanena kanthu. Gulu loyimba ndilo limadabwa ndi chete ameneyo. Wazisudzo wa lero akanamugwetsa pansi mayiyo, n'kumugubuduza mpaka chitenje kumasuka.

Koma mtima wa luso lonseli, ku Athens ndi ku Dedza komwe, ndi gulu loyimba, ndipo ndi pomwe owonera ndi oweruza amadutsapo ngati palibe kanthu. Pabwalo la gule maso a mlendo amathamangira chilombo. Wodziwa amayang'ana amayi. Iwo amaima mbali imodzi, m'manja muli phuphuphu, kapoli akaponya nyimbo ndi timawu take tating'ono iwo amailandira, kuithirira mang'ombe, kuikweza mpaka mbalule italowa. Chigoba nkhope yake sisintha. Chadzunda akamalowa, wakuda bii, akudzikoka ngati nkhalamba yotheratu, nkhope yake ndi yomweyo imene adzakhale nayo akadzayamba kuvina mwamphamvu. Chimene chimasintha ndi amayi. Amasendera pafupi, amamuvinira, amamunyogodola, iye akangotembenuka amabalalika akukuwa ndi kuseka, kenako amabwereranso pang'onopang'ono. Kusendera ndi kuthawa kumeneko ndiko kumauza bwalo lonse kuti chimene chabwerachi ndi chathu koma si mnzathu, n'chokondedwa koma sachigwira. Mantha amene nkhope ya mtengo singathe kuonetsa amaonekera m'miyendo ya amayi. Ndiponso amayi amenewa si obwereka. Ena mwa iwo ndi omwe anachezera m'siwa, mawu awo anasasa ndi kulira, ndipo kusasa kumeneko kumamveka m'nyimbo. Palibe mphunzitsi wa zisudzo amene angaphunzitse mawu otero, koma angathe kuphunzira kuti chisoni cha munthu mmodzi chimamveka bwino chikayankhidwa ndi anthu makumi awiri. Paja maliro n'kulirana.

Aeschylus anamanga sewero lachiwiri la Oresteia pa mfundo yomweyi. Gulu loyimba ndi la akazi akapolo amene atumidwa kukathira nsembe pamtumbira wa Agamemnon, chifukwa Clytemnestra walota njoka ikuyamwa bere lake. Pamandapo Electra akumana ndi mlongo wake Orestes, ndipo awiriwa pamodzi ndi akazi aja amayamba kuitana bambo wawo. Kuitanako kumatenga mizere yoposa 150, mwana kuponya, gulu kulandira, mwana wina kuponya, gulu kukweza, mpaka Orestes amene anabwera ndi mitima iwiri watsimikiza zopha mayi wake. Agamemnon satuluka m'manda. Salankhula ngakhale liwu limodzi. Komabe palibe malo ena m'masewero atatuwa pamene iye ali ndi mphamvu kuposa pamenepa, ngakhale pamene anali wamoyo atakwera galeta. Apa ndiye pali luso! Wakufa amakula chifukwa amoyo akumuitana ndipo iye sakuyankha.

Mizukwa imene Agiriki anailola kuoneka ndi yochepa, ndipo palibe umene umagwira munthu pakhosi. Mu Persians, la m'chaka cha 472 Khristu asanabadwe, mfumu Darius imadzuka itathiridwa nsembe ya mkaka, uchi, madzi ndi vinyo, n'kufotokoza chimene chagwetsa mwana wake Xerxes, basi n'kubwerera. Mu Hecuba la Euripides, mzimu wa mnyamata Polydorus umangofuna kuikidwa m'manda. Ngakhale Clytemnestra, atafa, amabwera kudzadzutsa Erinyes, mizimu yolipsira magazi, n'kuidandaulira kuti ikugona pamene iye akunyozeka pakati pa akufa. Akatero amachoka. Izi sizikusiyana ndi mmene mizimu imadziwikira kwa Achewa. Imabwera kutulo, imadandaula kuti yaiwalika, imafuna mowa, imafuna chiliza, ndipo ikapanda kumvedwa mwana amadwala. Mzimu umapempha ndi kukumbutsa. Mpeni umagwiridwa ndi wamoyo.

Pamenepa ndi pamene nkhani ya kubwezera imakhalira yoopsa zenizeni, ndipo ndi pamene masewero a mzukwa wa ufa amanama. Akamaonetsa wakufa akudzibwezera yekha, amachotsa mlandu m'manja mwa abale. Koma m'midzi amene amafunsa kuti wadya munthuyu ndani, amene amapita kwa sing'anga, amene amaloza chala agogo a kuseri kwa mudzi, ndi amoyo. Lamulo loletsa kutchula munthu mfiti ndi kumwetsa mwabvi lilipo kuyambira 1911, komabe mu Januwale 2016 ku Neno anthu anayi okalamba anaphedwa mtsikana wina atafa ndi mphenzi. Sewero loona mtima limaika maso pa Orestes, mwana amene anthu amuuza kuti bambo ako sagona mpaka utachitapo kanthu. Ameneyo ndiye ali m'midzi, ndipo ameneyo ndiye sakuoneka pa nsanja.

Pali chinanso chimene wowonera wa Chichewa angamve m'masewerowa kuposa wa ku London. Mu Antigone, Creon, amene amaletsa kuti Polyneices aikidwe m'manda, ndi mlongo wake wa Jocasta, mayi wa Polyneices ndi Antigone. Kunena kwina, ndi malume awo, mwini mbumba. Kwa anthu amene mwana ndi wa kuchikazi, malume kukaniza maliro a mwana wa mlongo wake, n'kutsekera m'phanga mwana winanso wa mlongo yemweyo, ndi malodza osafuna kumasulira. Chimodzimodzi mlandu wa Orestes pa bwalo la milandu la Areopagus. Apollo, mmodzi wa milungu yawo, amaima n'kunena kuti mayi si kholo lenileni, amangosunga mbewu ya bambo, ndipo mavoti atafanana mulungu wamkazi Athena amamasula wopha mayi wake. Chigamulo chotere chitaperekedwa pabwalo la kwa Kachere, amayi angaimirire onse. Kumeneko Erinyes, amene amati magazi a mayi salipidwa ndi china chilichonse, ndiwo angaoneke olankhula zamwambo. Gulu la zisudzo limene lingaseweretse Oresteia m'Chichewa lingapeze kuti owonera ali mbali ya mizimu yolipsira, ndipo sewerolo lingatuluke lina, lowawa kuposa la ku Athens.

Mathero a Oresteia nawo ndi ozolowereka kwa aliyense amene anachezerapo pa mpalo. Erinyes saphedwa kapena kuthamangitsidwa ndi pemphero. Athena amawanyengerera, amawalonjeza malo ndi nsembe, ndipo amaperekezedwa ndi miuni ndi nyimbo kupita kumalo awo pansi pa nthaka. Gule amachitanso zomwezo ndi kasiyamaliro. M'nyengo ya chilimwe, anthu atakolola, mowa utapsa, chilombo chimenechi chimatuluka usiku, cholukidwa ndi makoko a chimanga, chachitali, msana wopindika, chikuyera mumdima. Chimazungulira pabwalo mofulumira modabwitsa, mchira ukukwapula, amayi akuchiyimbira chapatali. Chilibe nkhope ya munthu, sichitchula dzina la womwalirayo, sichiloza amene anamulakwira. Chimafika kunyumba ya malemu, ndipo mwambo ukatha chimatenthedwa. Kenji Yoshida, amene anafufuza za nyau pakati pa Achewa a ku Zambia, analemba kuti kutenthako ndiko kumamasula mzimu kuti ukakhale pakati pa makolo. Ntchito ya masiku ambiri imapsa kamodzi, chifukwa inapangidwira usiku umodzi ndi munthu mmodzi.

N'chifukwa chake zosungidwa sizingalowe m'malo mwa bwalo. Ku Kungoni, malo amene Bambo Claude Boucher anayambitsa ku Mua mu 1976, nyumba ya Chamare ili ndi zigoba mazanamazana, ndipo ntchito yosonkhanitsa ndi kulemba nkhani zake ndi yotamandika. Koma chigoba chopachikidwa chilibe amayi ochiyankha. Wophunzira zisudzo akangothera pa kujambula zigobazo ndi foni, wabwerako ndi theka.

Palibe akunena kuti nyau zikwere nsanja ya sukulu. Eni dambwe sangalole, ndipo sukulu zambiri za mishoni nazonso sizingalole. Chotengeka ndi kamangidwe: chitseko chotseka, mfuu wa kuseri, mthenga amene amadziwa kuzungulira asanatchule dzina, ndi gulu la atsikana khumi ndi asanu amene ntchito yawo si kudzaza malo kumbuyo koma kuyankha, kufunsa, kuopa ndi kukankha. Steve Chimombo anaonetsa kuti n'zotheka mu The Rainmaker, lofalitsidwa mu 1978, pamene nkhani ya kuphedwa kwa Mbona, yoyambira ku Msinja kufupi ndi mapiri a Dzalanyama, anaipatsa gulu la Matsano loti lizithirira ndemanga. Ku South Africa, Yaël Farber anatenga Oresteia n'kupanga Molora, ndipo gulu loyimba analipereka kwa oyimba a chikhalidwe cha Chixhosa a ku Ngqoko, ambiri a iwo amayi. Otsatira njira imeneyi ku Malawi ndi ochepa, mwina chifukwa m'mipikisano mphoto zimapita kwa mnyamata ndi mtsikana amene walira mokweza, ndipo gulu limaonedwa ngati malo osungirako ana amene sanapatsidwe mbali. Ku Athens zinthu zinali mwina. Mlembi ankaloledwa kulowa mpikisano pokhapokha akuluakulu a mzinda atamupatsa gulu loyimba, ndipo munthu wachuma ankasankhidwa kuti alilipirire zovala ndi maphunziro kwa miyezi. Amene analipirira gulu la Persians mu 472 anali Pericles, akadali mnyamata, zaka zambiri asanakhale mtsogoleri wa mzindawo.