Tina Fey ndi luso lodziwa posiyira

Kumapeto kwa Seputembala 2008, Tina Fey anaonekera pa pulogalamu ya nthabwala ya pa TV ya Saturday Night Live (SNL) atavala magalasi, tsitsi atalikonza ngati la Sarah Palin, amene ankapikisana nawo pa udindo wa wachiwiri kwa pulezidenti ku America. Amy Poehler, akusewera ngati mtolankhani Katie Couric, anamufunsa za ndalama zopulumutsira mabanki. Yankho lake linali lalitali, lozungulira, lopanda mutu weniweni, ndipo anthu anaseka mpaka kugwira nthiti. Chodabwitsa n'chakuti mawu ambiri sanali opeka. Anangobwereza zimene Palin mwiniwake anayankha masiku ochepa m'mbuyomo, n'kuwonjezera kumwetulira kwa munthu amene akudziona kuti wakhoza.

Luso lake lagona pamenepo. Wanthabwala wosakhwima akadathira mchere wambiri mu ndiwo zokoma kale. Fey ndi mlembi asanakhale wosewera, ndipo amadziwa pamene cholembera chiyenera kuima.

Anasulidwa ku Second City mumzinda wa Chicago, kumene osewera amapeka zochitika pompopompo, aliyense akumanga pa zimene mnzake wanena. Analowa SNL monga mlembi mu 1997, ndipo mu 1999 anakhala mkazi woyamba kutsogolera alembi a pulogalamuyo. Khalidwe lomvera mnzako lija silinamuchoke. Mu 30 Rock, sewero la pa TV limene analiyambitsa mu 2006 n'kutha mu 2013, iye anasewera ngati Liz Lemon, mkulu wa alembi wotopa, wokonda kudya, wozunguliridwa ndi anthu odzimva. Nthabwala zonona zambiri anazisiyira Alec Baldwin, Tracy Morgan ndi Jane Krakowski. Yake inali nkhope ya munthu amene wamva zopusa koma ayenera kupitiriza ntchito. Popanda nkhope imeneyo, misala ya enawo ikadangokhala phokoso.

Ngakhale mu filimu ya Mean Girls ya 2004 anadzipatsa kagawo kochepa, ka mphunzitsi wa masamu. Ntchito yaikulu inali papepala: anatenga buku la Rosalind Wiseman lolangiza makolo, lopanda nthano m'kati mwake, n'kulisandutsa nkhani ya atsikana a kusekondale odyana miseche.

Sikuti sanapunthwepo. Nthabwala za 30 Rock zimathamanga kwambiri moti zina zoipa zimadutsa woonera asanaziganizire. Mu 2020 iye mwini anapempha kuti magawo ena, momwe osewera achizungu anadzipaka nkhope kuti aoneke akuda, achotsedwe. Apo cholembera sichinaime pamene chinayenera kuima.

Ndipo kunena zoona, akamasewera m'mafilimu olembedwa ndi ena, monga Date Night ya 2010, amangokhala wosewera wabwinobwino, wosasiyana kwenikweni ndi anzake. Wofuna kuona chimene chinamupezetsa mphoto ya Mark Twain mu 2010, ali ndi zaka 40 zokha, ayambe ndi zimene analemba yekha.