Za Maonekedwe ndi Mamvekedwe a Cithunzithunzi ca The Wizard of Oz

Cithunzithunzi ca The Wizard of Oz cinaturuka ku America m'caka ca 1939, ndipo m'caka ca 2019 a kampani ya Warner anacikonzanso pa cimbale ca 4K kuti mabanja azionera kunyumba. Cofunika kuciweruza ndi ici: kodi okonzawo anacibwezera monga cinaliri, kapena anacisandutsa cina?

Pa za maonekedwe ayenera kuyamikidwa. Mtima wa nthanoyi uli pamene mtsikana Dorothy atsegula citseko, nacoka ku Kansas, kwao, nalowa m'dziko la Oz. Kansas aoneka wotumbuluka ngati dothi louma, koma Oz anamjambula ndi makina a Technicolor, amene anali kutenga cithunzi pa mafilimu atatu nthawi imodzi. Atatuwa akapanda kulingana bwino, m'mphepete mwa zinthu munali kuoneka cizirezire. Tsopano awalinganiza ndi kompyuta, ndipo nsapato zofiira za Dorothy zinyezimira kweni-kweni. M'buku la L. Frank Baum la 1900 nsapatozo zinali zasiliva, nazifiiritsa ojambula cifukwa ca Technicolor yemweyo. Pamene cithunzici cinayamba kuonetsedwa pa televizhoni mu 1956, mabanja ambiri anali ndi makina oonetsa zakuda ndi zoyera zokha, kotero kuti Oz sanasiyane ndi Kansas.

Kuwala kumeneku kuulula zina zimene kale zinali kubisika: mapiri akutali aoneka kuti ngopaka utoto pa nsaru. Ici si colakwa, pakuti mwana womvera nthano adziwa kuti kalulu salankhula, koma amverabe.

Pa za mamvekedwe pali cokaikitsa. Mau, nyimbo ndi phokoso zinali kuturuka pa cokuzira mau cimodzi. Pa cimbaleci azigawira zokuzira mau zisanu ndi cimodzi. Namondwe amene anyamula nyumba apindula nazo, cifukwa amveka mbali zonse. Koma nyimbo ya Over the Rainbow, imene Judy Garland aimba ali yekha pa munda wa kwao, sifuna kukuzidwa. Mphamvu yace iri m'kucepa kwace.

Cotero okonza maonekedwe anabweza cimene cinataika, pamene okonza mamvekedwe anaonjezera cimene panalibe. Mphunzitsi kapena kholo loonetsa ana cithunzici licita bwino kutseka mazenera, kucepetsa phokoso, ndi kukhala cete pofika pa citseko cija.