Mawu a munthu wosaoneka

M'nyumba zoonetsera kanema pa Dwangwa, odula nzimbe amakhala mothinana pa benchi, thukuta lili kamukamu, n'kumaseka mawu a munthu amene sakumuona: wotanthauzira filimu m'Chichewa.

Luso lomweli linkagwira ntchito pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, pamene Colonial Film Unit, yokhazikitsidwa ku London mu 1939, inkatumiza mu Africa mafilimu ambiri opanda mawu. Wotanthauzira ankaima pambali pa galimoto yoonetsera mafilimuwo, injini ikulira, chimkuzamawu chili kukamwa, kuzipatsa lilime zithunzizo.

Ntchitoyi imafuna diso lachangu. Msilikali akangocheuka, mawu akhale atafika kale. Nthabwala ikachedwa pang'ono, yazizira. Katswiri amadziwanso pofunika kukhala chete.

Atachoka iyeyu, agogo angamangoona azungu akuyasama ngati chambo mu ukonde.