Al-Masudi ndi Minyanga ya Kugombe Kwathu

Munthu wa ku Hopley, ku Harare, akakwera basi pa Mbare Musika kupita ku Mutare, n'kudutsa pachipata cha Forbes kulowera ku Beira, amakhala akutsikira kumene golide wa dziko lino la Zimbabwe ankatsikira kalekale. Kummwera kwa Beira n'kumene kuli Sofala, ndipo mmodzi mwa anthu oyambirira kulemba za malowa anali Msilamu wa ku Baghdad, Abu al-Hasan al-Masudi, amene anamwalira ku Egypt mu 956.

Bamboyu mbiri ankailemba ndi miyendo yomwe. Anayenda ku Persia, ku India ndi ku Oman, ndipo mu 916 anali pachombo pakati pa Oman ndi chilumba cha Qanbalu, chimene akatswiri ambiri amati ndi Pemba. M'buku lake lotchedwa Muruj al-Dhahab akuti mwa nyanja zonse zimene anawoloka, imeneyi ndiyo inamuopsa kwambiri. Sakungonena za mantha akewo basi. Akutchula mayina a eni zombo amene anayenda nawo, n'kunena kuti pambuyo pake anamira m'nyanja yomweyo. Ukawerenga pamenepo umadziwa kuti wolembayu anadyapo nawo mbale imodzi anthuwo.

Koma pamene ndimamugomera zedi m'pankhani ya njovu. Akuyambira padziwe. Alenje aponya m'madzi masamba ndi makungwa a mtengo wina, njovu zamwa, zaledzera, zagwa, iwo n'kuzibaya ndi mikondo. Wina akanathera pomwepo, poti nkhani yakoma kale. Iye akunyamula mnyangawo n'kuulondola: ukwera chombo kupita ku Oman, kuchoka apo ku India ndi ku China. Ku China akuupangira machira onyamulira akuluakulu, ku India akuusema kukhala zigwiriro za mipeni ndi zidole zosewerera chess. Akudandaulanso kuti chifukwa cha malondawa minyanga ikusowa m'mayiko a Chisilamu. M'ndime zochepa zokha, mlenje wa kugombe kwathu wakumana ndi mmisiri wa ku India, ndipo wowerenga waona amene akupindula.

Anthu a kugombeko akuwalemba ndi maso a mlendo waulemu. Akuti amakonda kuvala zachitsulo kuposa golide. Amakwera ng'ombe popita kunkhondo. Amadya mapira, nthochi, uchi ndi nyama. Ali ndi anthu odziwa kulankhula pagulu, ndipo mfumu ikayamba nkhanza n'kusiya chilungamo amaipha, ana ake n'kumanidwa ufumu. Mfundo yomalizayi ndi yamtengo wapatali, chifukwa ikuonetsa kuti iye anafunsa za malamulo a anthuwo, osati mitengo ya katundu yokha. Anthu a ku Hopley, amene chiyambire 2005 amalembedwa kawirikawiri ngati chiwerengero cha mabanja osamutsidwa, kusiyana kumeneku akukudziwa bwino.

Sikuti zonse anazipeta bwino. Wolemba mbiri wina, Ibn Khaldun, patapita zaka zoposa 400, anamudzudzula povomereza kuti Musa anali ndi asilikali 600,000, ngakhale kuti iye yemweyo anamutcha imamu wa olemba mbiri. Buku lalikulu la al-Masudi lotchedwa Akhbar al-Zaman, la mavoliyumu 30, pafupifupi lonse linatayika. Muruj al-Dhahab ndi imene inatsala yathunthu, pamodzi ndi al-Tanbih wa al-Ishraf, limene anamaliza atatsala pang'ono kumwalira, akukonzabe ndi kuwonjezera zimene analemba kale.