NTHONDO: MBIRI KAPENA NTHANO?

M'chaka cha 1933 mphunzitsi wa ku Mishoni ya Nkhoma, Samuel Josia Nthara, adapata mphotho pa mpikisano wa bungwe la International Institute of African Languages and Cultures. Buku lake linali "Nthondo". Chaka chotsatira T. Cullen Young adalimasulira m'Chingerezi nalitcha "Man of Africa", ndipo Julian Huxley adalemba mawu otsogolera. Tsono funso langa nali: kodi Nthondo anali yani?

Nthondo sadabadwepo. Nthara adamuumba monga mayi aumbira mbiya, kutapa dothi apa ndi apo. Miyambo ya Achewa, maliro, milandu ya pabwalo, ulendo wokafuna ntchito kunja, zonsezi n'zoona, ndipo nkhalamba ya ku Nathenje kapena ku Mitundu ingavomere. Koma mwini nkhaniyo ngwopeka. Pamenepa ine sindipezapo mlandu. Mlembi wa nthano ali ndi ufulu woumba munthu, malinga asanamizire mudzi.

Mlandu ndiupeza kumathero. Nthondo ayamba wosamva, akhala mfumu, kenaka atembenuka mtima nalowa Chikhristu. Mu 1949 Young adatulutsanso "Headman's Enterprise", kumasulira kwa mbiri imene Nthara adalemba ya Msyamboza, mfumu ya ku Chibanzi. Uyu ndiye adalikodi, ndipo bukuli lidalembedwa iye atamwalira kale. Komabe njira ya moyo wake ikathera komwe kudathera ya Nthondo: pakhomo la tchalitchi. Anthu awiri, wina wopeka wina weniweni, chifukwa ninji ayenda mofanana chotere?

Mwina Msyamboza adayendadi motero. Koma tisaiwale mwini makina osindikizira mabuku, amenenso ankalipira mphunzitsi uja: Mishoni. Mlembi sanama pongowonjezera zimene kudalibe. Amanamanso posankha zoti asiye. Wakufa sangaimirire pabwalo kuti atsutse. Ndiye chifukwa chake wolemba za munthu weniweni ali ndi ngongole imene wolemba za Nthondo alibe.

Sindikunyoza Nthara ayi. Popanda iye ndi "Mbiri ya Achewa" bwenzi zambiri zitapita ndi eni ake kumanda. Ndikungochenjeza ife anzake amene timatola nkhani kwa agogo n'kuzikometsera usiku pa nyali. Mapanga awiri avumbwitsa. Ngati tapeka, tinene kuti tapeka. Ngati tatchula dzina la munthu, tikumbuke kuti adzukulu ake amadziwa kuwerenga.